Mipikisano ya Ojambula Zithunzi pa Wailesi Yakanema: Kodi Ingaphule Kanthu ku Nyachikadza?

Kale mbiri ya mudzi inkasungidwa pakamwa pa akuluakulu, ndipo wofuna kudziŵa za malo akutali ankadikira wapaulendo kuti adzamusimbire. Masiku ano gawo lalikulu la ntchito imeneyi laloŵa m'manja mwa chithunzi. Munthu wa ku Mzuzu kapena ku London amene sadapondeko phazi ku chigwa cha Shire amakhala ndi maganizo ake okhwima pa za anthu a kumeneko, ndipo gwero la maganizowo kaŵirikaŵiri limakhala zithunzi zingapo zimene adaona m'nyuzipepala kapena pa wailesi yakanema. Choncho funso lakuti akujambulayo ndani, nanga adaphunzira kwa yani, si laling'ono ayi. M'maiko a ku Ulaya mawailesi akanema adayambitsa mipikisano imene eni ake amati cholinga chake n'kusula ojambula zithunzi amene akufuna kukula pa luso lawo. Mipikisano imeneyi iyenera kuyesedwa, ndipo muyeso wabwino ndi malo amene zithunzi zili ndi mphamvu pa moyo wa anthu. Amodzi mwa malo otere ndi ku Nyachikadza.

Dera la Mfumu Nyachikadza lili kummwera kwa boma la Nsanje, m'dambo la Ndindi, kumalire a Malaŵi ndi Mozambique. Wofuna kufikako amasiya msewu nakwera bwato, n'kumayenda pakati pa mabango ndi namasupuni. Dzina la derali limamveka kwambiri m'nyengo ya dzinja pamene mtsinje wa Shire wasefukira. Lidamveka mu Januwale 2015, pamene boma lidalengeza kuti maboma 15 agweredwa tsoka, ndipo anthu pafupifupi 230,000 m'dziko lonse adasoŵa pokhala. Chigwachi chidamiranso mu Malichi 2019 nthaŵi ya namondwe wa Idai, mu Januwale 2022 nthaŵi ya namondwe wa Ana, ndiponso mu Malichi 2023 pamene namondwe wa Freddy adasamutsa anthu oposa 600,000 m'chigawo cha kummwera. Nthaŵi zonsezi zithunzi za kuchigwa zimene zidafika kutali zinali zofananafanana: madenga audzu akusuzumira pamwamba pa madzi, amayi atasenza mitolo, ana ali pamzere kumsasa, mbale zili m'manja. Zithunzi zimenezi sizinama, ndipo zidathandiza kuti chithandizo chifike. Koma zimasimba za masabata oŵerengeka okha a chaka chokhala ndi miyezi 12.

Kwa zaka zambiri boma lakhala likupempha anthu a ku Nyachikadza kuti asamukire kumtunda, ndipo ambiri akhala akukana, kapena kubwerera kwawo madzi akangophwa. Munthu amene adaona zithunzi za chigumula zokha amafulumira kunena kuti anthuŵa ndi osamva. Iyeyo sadaone nthaka yachonde imene madzi omwewo amasiya akamapita, kapena madimba a chimanga, mbatata ndi nyemba amene amabiriŵira m'chilimwe pamene kumtunda kuli fumbi lokhalokha. Sadaone makakana ndi milamba zikuuma padzuŵa, manda a makolo, ngakhalenso nkhaŵa ya mfumu imene idziŵa kuti ufumu umazilala mwini wake akakhala mlendo pa nthaka ya mfumu inzake. Ngozi ya madzi ndi yeniyeni, ndipo imapha. Zifukwa zokhalira nazonso ndi zenizeni. Mlandu wolemera choterewu sufunika kuugamula ndi mboni za mbali imodzi. N'chifukwa chake kuphunzitsa mwana wa kuchigwa kujambula bwino ndi nkhani yokhudza tsogolo la mudzi wake.

Mpikisano wodziŵika kwambiri wa mtundu umenewu ndi Master of Photography, umene wailesi yakanema ya Sky Arts idayamba kuonetsa m'chaka cha 2016. Anthu 12 ochokera m'maiko osiyanasiyana a ku Ulaya adasonkhanitsidwa mumzinda wa Rome, ndipo m'zigawo 8 za pulogalamuyo ankapatsidwa ntchito zosiyanasiyana: kujambula mzinda, moyo wa usiku, nkhope ya munthu wotchuka, maonekedwe a dziko, ndi zina zotero. Ntchito iliyonse inali ndi nthaŵi yake yoikika, ndipo ikatha aliyense ankapereka zimene wasankha kwa oŵeruza atatu. M'chaka choyambacho oŵeruzawo anali Oliviero Toscani wa ku Italy, Rut Blees Luxemburg wa ku Germany, ndi Simon Frederick wa ku Britain. Amene ntchito yake yaperewera ankatsanzika, ndipo wotsala yekha pamapeto adalandira mphotho ya mayuro 150,000. Mphothoyo idagwera Gabriele Micalizzi wa ku Italy.

M'chaka cha 2021 wailesi yakanema ya BBC Four idaonetsa mpikisano wina wotchedwa The Great British Photography Challenge. Umenewu unali waufupi, wa zigawo 4 ndi opikisana 6, ndipo mlangizi wawo anali Rankin, katswiri wojambula nkhope za anthu otchuka. Kusiyana kwake kwakukulu ndi woyamba uja kunali kwakuti palibe amene ankachotsedwa m'njira. Onse adafika pamapeto, naonetsa zithunzi zawo pachionetsero, ndipo opambana adalipo aŵiri, Tyrone Williams ndi Jackson Moyles. Ntchito zina za mumpikisanowu ankazigwira ndi foni ya m'manja basi.

Poyamba ndi bwino kunena zabwino za mapulogalamu ameneŵa, pakuti zilipo ndithu. Chachikulu n'chakuti amaulula mbali ya ntchito imene anthu wamba saiona. Ambiri amaganiza kuti kujambula kumathera pa kudinikiza kabatani ka kamera. Woonera mpikisano amazindikira msanga kuti wojambula amabwerako ndi zithunzi zambirimbiri, ndipo thukuta lenileni limatuluka pamene akhala pakompyuta kuti asankhepo chimodzi kapena zitatu. Ntchito imeneyi ikunga ya mayi wopeta mphale palichero: gaga ayenera kuuluka kuti chotsalacho chikhale chakudya. Nthaŵi zina woonera amatha kuona yekha kuti wopikisana wataya chithunzi champhamvu nasunga chofooka, chifukwa choti chofookacho adachivutikira kwambiri pochijambula. Limeneli ndi phunziro lakuya, lothandizanso wolemba chimangirizo kapena ndakatulo: kuvutikira chinthu sikuchisandutsa chabwino.

Chabwino chachiŵiri n'chakuti mipikisanoyi imaphunzitsa kakambidwe ka chithunzi. Pamudzi munthu akaonetsedwa chithunzi amangoti n'chokongola kapena kuti chatuluka bwino. Oŵeruza salola yankho lotere. Amafuna kudziŵa chifukwa chake wojambula adaima patali, kumene kuŵala kudachokera, chimene chidasiyidwa kunja kwa malire a chithunzi, ndi kumene diso la woona limayamba kutera. Mnyamata kapena mtsikana amene wamva mafunso otereŵa kangapo amayamba kuona dziko mwatsopano. Amazindikira kuti dzuŵa la masana a ku Nsanje, limene limaswa mtengo, limaika mithunzi yakuda m'maso mwa wojambulidwa, pamene kuŵala kwa m'mamaŵa kumaonetsa makwinya onse a nkhope ya msodzi mofatsa. Amazindikiranso kuti kugwada pojambula mwana kumamupatsa ulemu umene kumujambula chiimirire sikungamupatse. Chachitatu, pamene opikisana a BBC adalamulidwa kugwiritsa ntchito foni, woonera adaona yekha kuti chida chodula sichipatsa munthu maso. Uthenga umenewu ndi wolimbikitsa m'dziko limene kamera yabwino mtengo wake umaposa zokolola za banja za chaka chathunthu.

Komabe zofooka za mipikisanoyi n'zazikulu, ndipo zimachokera pa muzu umodzi: wailesi yakanema imafuna choyamba kusangalatsa oonera, ndipo kuphunzitsa kumadza pambuyo. Chofooka choyamba ndi liŵiro. Wopikisana amaponyedwa mumzinda wachilendo napatsidwa maola oŵerengeka, koloko ikuŵerenga, iye akuthamanga ndi chikwama kumsana. Pakanema zimenezi zimakoma, koma akuluakulu adati kuona maso a nkhono n'kudekha. Zithunzi zambiri zimene dziko limazikumbukira zidajambulidwa ndi anthu amene adakhala pamalo amodzi miyezi kapena zaka, mpaka eni malowo ataiŵala kuti pali kamera. Mpikisano umene umapereka mphotho kwa wofulumira umaphunzitsa wachinyamata kutola chimene chili pamwamba, ndipo chimene chili pamwamba nthaŵi zambiri ndi chimene aliyense akuchidziŵa kale.

Chofooka chachiŵiri ndi kuchotsana. M'kalasi yeniyeni mwana amene walakwitsa kwambiri ndi amene mphunzitsi amamusunga pafupi. Mu Master of Photography wolakwitsa ndiye amayamba kutuluka pakhomo, motero wosoŵa maphunziro kwambiri ndi amene amalandira ochepa. Mantha ochotsedwa amabalanso khalidwe lina loipa: wopikisana amaleka kuyesa njira zatsopano, nayamba kulosera zimene oŵeruza amakonda. Mau akuthwa a oŵeruza, amene Toscani adatchuka nawo, amakometsa pulogalamu, koma munthu amene akunjenjemera samva malangizo. Pamfundo imeneyi mpikisano wa BBC udachita bwino posunga onse mpaka pamapeto, pakuti woonera adatha kutsatira mmene munthu mmodzi akukulira kuchoka pa ntchito ina kufika pa inzake.

Chofooka chachitatu chimaoneka pa wopambana. Gabriele Micalizzi sanali mwana wa sukulu pa ntchitoyi. Asadaloŵe mumpikisano anali kale mtolankhani wa zithunzi amene adagwirapo ntchito m'madera a nkhondo, ndipo adapitiriza ntchito yomweyo mpaka kuvulala ku Syria mu Febuluwale 2019. Kupambana kwake kunali koyenera, koma kukusonyeza kuti mpikisanowo udangoulula luso limene lidasulidwa kwina. Wokolola sayenera kudzitama ngati kuti ndiye adalima. Palinso chofooka china chimene chili m'chibadwa cha kanema weniweniyo. Chithunzi chabwino chimafuna kuchiyang'anitsitsa, kuchisiya, ndi kubwereranso. Kanema amachionetsa kwa kamphindi chabe, kenaka n'kuthamangira ku nkhope ya mwini wake kuti oonera aone ngati agwetse misozi. Pamapeto pake oonera amakumbukira amene adalira kuposa chimene adajambula.

Tsono kuli bwino kuyerekeza kuti mpikisano wotere wafika ku Nyachikadza ndi malamulo ake onse. Opikisana atsika m'bwato m'maŵa, ndipo auzidwa kuti dzuŵa likamapendeka akhale atabwerera. Sadziŵa Chisena, sadziŵa kulonjera, ndipo alibe nthaŵi yokhala pamphasa kuti afotokoze chimene adzera. Chimene angabwere nacho n'chodziŵikiratu: mwana wausiŵa, nyumba yopendekeka, nkhalamba yogwira kutsaya, kapena bwato pakati pa madzi ofiira ndi dzuŵa. Mayi amene akukumba nyika m'dambo nthaŵi ya njala angamujambule, koma sangadziŵe kuti mayi yemweyo miyezi ingapo ikubwerayo adzakhala akugulitsa mbatata kwa anthu a kumtunda. Sangadikire usiku wa valimba, sangaone bwalo la milandu, ndipo sangadziŵe mmene anthu amaŵerengera kukwera kwa madzi pa tsinde la mtengo. Paja amati mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka. Iye akapita, chithunzi chake chimatsala chikuyankhula m'malo mwa anthu amene sadafunsidwe.

Kujambulidwa ndi alendo si kwachilendo m'chigwa cha Shire. Pa ulendo wa David Livingstone wa pa Zambezi, umene udayamba m'chaka cha 1858, panali dotolo wa ku Scotland dzina lake John Kirk, amene ankasonkhanitsa zomera ndi kujambula zithunzi. Mu Januwale 1859 Livingstone ndi Kirk adakwera mtsinje wa Shire pa sitima yotchedwa Ma Robert. Zithunzi za Kirk zili m'gulu la zoyambirira kujambulidwa m'chigawo chino cha Africa. Kamera za nthaŵi imeneyo zinkafuna kuti chojambulidwa chikhale chosagwedezeka kwa kanthaŵi ndithu, motero mitengo, nyumba ndi zombo ndizo zidachuluka m'zithunzi zake. Kuyambira pamenepo, kwa zaka zoposa 160, dera la Zambezi ndi Shire lakhala likuonetsedwa kunja makamaka kudzera m'maso a odutsa: ofufuza malo, atumiki a mishoni, atsamunda, ndipo masiku ano atolankhani ndi mabungwe othandiza pa ngozi.

Si mlendo aliyense amene amajambula mothamanga. Nkhondo ya ku Mozambique itafika poipa m'zaka za m'ma 1980, dziko la Malaŵi lidalandira othaŵa kwawo pafupifupi miliyoni imodzi, ndipo boma la Nsanje lidasenza gawo lalikulu la katunduyo. M'chaka cha 1994, pangano la mtendere la ku Rome la 1992 litasainidwa kale, wojambula wa ku America dzina lake Fazal Sheikh adafika kumsasa wa Nyamithuthu m'boma lomwelo. Zithunzi zake, zimene zina zidatuluka m'buku lake la A Sense of Common Ground m'chaka cha 1996, n'zosiyana ndi zimene anthu adazoloŵera kuona za othaŵa nkhondo. Anthu ake amaima kapena kukhala modekha, akudziŵa kuti akujambulidwa, ndipo ambiri amayang'ana kamera maso ndi maso. Pansi pa zithunzizo adalembapo maina a eni nkhopezo. Kanthu kakang'ono kameneka kamasintha zonse, pakuti munthu wokhala ndi dzina sangasandutsidwe chizindikiro chabe cha umphaŵi. Ntchito yotere siingatheke pa maola atatu, chifukwa imayamba ndi kupempha chilolezo ndi kumvetsera.

Apa ndi pamene mipikisano ya pakanema imaperewera kwambiri. Oŵeruza amakamba zambiri za kuŵala ndi kaimidwe, koma wojambulidwayo salandira mpata wofanana. Mwini nkhope amakhala ngati dongo m'manja mwa woumba. Komatu funso la udindo wa wojambula ndi lakale. Mu Malichi 1993 Kevin Carter wa ku South Africa adajambula mwana wofooka ndi njala kummwera kwa Sudan, muimba utatera kumbuyo kwake. Nyuzipepala ya The New York Times idasindikiza chithunzicho, ndipo chaka chotsatira chidapata mphotho ya Pulitzer. Oŵerenga ambiri adafunsa chimene chidamuchitikira mwanayo, ndipo mtsutso wa zimene wojambula ayenera kuchita akakumana ndi munthu wovutika udakalipo mpaka lero. Wachinyamata amene adzajambule kumisasa ya anthu othaŵa madzi adzakumana ndi funso lomweli: kodi mayi amene wataya mwana wake dzulo akufuna kuti dziko lonse lione nkhope yake lero? Sukulu iliyonse ya ojambula imene sikonzekeretsa ophunzira pa funsoli yawaphunzitsa theka la ntchito.

N'zochititsa chidwi kuti mu Master of Photography momwemo muli umboni wa njira yabwino. Chakumapeto kwa mpikisano, otsala ankatumizidwa kwawo kuti akajambule nyumba zawo ndi abale awo. Chigawo chimenechi n'chimene chimakhudza mtima kuposa zina, ndipo chifukwa chake n'chosavuta kuchipeza. Kwawo wojambula sasoŵa womumasulira, amadziŵa nthaŵi imene kuŵala kumaloŵa pazenera, ndipo amadziŵa chisoni chimene chabisala kuseri kwa kumwetulira kwa mayi ake. Zaka zonse za moyo wake zimaloŵa m'chithunzi chimodzi. Phunziro lake kwa Amalaŵi n'loonekeratu: chuma chachikulu cha mwana wa ku Nyachikadza ndicho kudziŵa kwake Nyachikadza, ndipo chuma chimenechi katswiri wochokera ku Rome sangachigule ndi mayuro.

Palinso funso lakuti angaonere mapulogalamu otereŵa ndani. Nthaŵi yonse ya ulamuliro wa Dr. Hastings Kamuzu Banda dziko la Malaŵi linalibe wailesi yakanema yakeyake. Television Malawi idayamba kuulutsa m'chaka cha 1999. Mapulogalamu ampikisano ochokera kunja adafika msanga, ndipo mu Ogasiti 2003 Nyumba ya Malamulo idaletsa kuonetsa Big Brother Africa pa wailesiyo, chiletso chimene bwalo lalikulu la milandu lidachichotsa pasanapite nthaŵi. Kuyambira pamenepo mipikisano imene yatchuka kwambiri m'dziko muno ndi ya oimba. Koma kalembera wa 2018 adasonyeza kuti mwa mabanja 100 aliwonse, pafupifupi 11 okha ndi amene ankaunikira nyumba zawo ndi magetsi, ndipo ambiri mwa iwo anali a m'mizinda. Kudambo kumene kulibe msewu, kanema wolipira mwezi ndi mwezi ndi nthano chabe. Chida chimene chafika kumeneko ndi foni ya m'manja yotchajidwa ndi mphamvu ya dzuŵa, ndipo aliyense wofuna kuphunzitsa kujambula kuchigwa ayenera kuyambira pa chida chimenechi.

Mbiri ya ojambula otchuka a mu Africa ikusonyeza kumene luso limakulira. Malick Sidibé wa ku Mali adayamba ngati wothandiza m'nyumba yojambuliramo ya munthu wina ku Bamako, kenaka adatsegula yake, nakhala zaka zambiri akujambula achinyamata a mumzinda wake pamagule ndi pamaphwando. Dziko lidachedwa kumuzindikira, koma m'chaka cha 2007 adalandira mphotho ya Golden Lion ku Venice chifukwa cha ntchito ya moyo wake wonse. Ku Maputo, Ricardo Rangel adatsogolera sukulu ya ojambula yotchedwa Centro de Formação Fotográfica, imene idakhazikitsidwa m'chaka cha 1983. Ku Johannesburg, David Goldblatt adayambitsa Market Photo Workshop m'chaka cha 1989, nthaŵi ya tsankho, kuti achinyamata amene analibe mwayi aphunzire kujambula. Zanele Muholi ndi mmodzi mwa amene adadzera m'menemo. Malo onseŵa ali ndi zinthu zitatu zofanana: mphunzitsi amene sachoka, nthaŵi yokwanira yolakwitsa ndi kukonza, ndi anzako oonetsana nawo ntchito. Tsokonombwe adatha mtunda n'kudumpha.

Ngakhale m'midzi ya m'dziko muno mudali sukulu ya mtundu wake. Mafoni okhala ndi kamera asadafale, wojambula woyendayenda ankafika panjinga Lamulungu kapena tsiku la ukwati, kamera ili pakhosi. Anthu ankasamba, kuvala zovala za pansi pa sutikesi, naima pafupi ndi maluŵa kapena wailesi ya m'nyumba. Filimu inali ndi malo oŵerengeka, 24 kapena 36, ndipo kutsukitsa kunali kutauni, motero wojambula sankadinikiza kabatani asadaganize. Koposa zonse, ankayenera kubwerera kumudzi komweko ndi zithunzizo, ndipo woŵeruza wake anali mwini nkhope, amene ankatha kukana kumaliza malipiro ngati watuluka moipa. Palibe katswiri wa ku Ulaya amene angapose woŵeruza ameneyu pa kusamala ulemu wa wojambulidwa. Lero kuli Amalaŵi monga Amos Gumulira, Thoko Chikondi ndi Eldson Chagara, amene zithunzi zawo zafalitsidwa ndi mabungwe akuluakulu a nkhani a padziko lonse, kulinso bungwe la ojambula la PHOTAMA. Aphunzitsi ndiye alipo. Chosoŵa ndi bwalo lowakumanitsa ndi ana a kumudzi.

Ngati wailesi yakanema ya m'dziko muno itafuna kukonza mpikisano wothandizadi, iyenera kutola zabwino za ku Ulaya ndi kusiya zotsalazo. Opikisana asachotsedwe m'njira, koma ayende limodzi mpaka pamapeto. Aliyense ajambule kwawo, ndipo nthaŵi yake ikhale chaka chathunthu, kuyambira pa kubzala, kudzera pa kusefukira kwa madzi, mpaka pa kukolola m'madimba, kuti moyo wa malowo uoneke wonse. Foni ya m'manja iloledwe mofanana ndi kamera yodula. Malangizo aperekedwe m'Chicheŵa, m'Chisena, m'Chitumbuka ndi m'zinenero zina, pakuti munthu sangafotokoze zakuya za chithunzi chake m'chinenero chimene akuchita kupapasa. Chithunzi chilichonse chikhale ndi chilolezo cha mwini nkhope, ndipo dzina lake lilembedwe ngati iye wafuna. Pomaliza, zithunzizo zisindikizidwe ndi kukapachikidwa pasukulu kapena pabwalo la mfumu kumene zidajambulidwa, ndipo mau a eni mudzi akhale ndi gawo pa chigamulo. Mutu umodzi susenza denga.

Mphotho nayo ifunika kuiganizira bwino. Ndalama zambiri zopatsidwa kwa munthu mmodzi zimakopa oonera, koma maphunziro, zipangizo ndi mlangizi wa chaka chonse kwa anthu angapo zimasiya mbeu. Opikisana aphunzitsidwenso za umwini wa ntchito yawo. Lamulo la umwini wa zaluso la 2016 limateteza zithunzi monga momwe limatetezera nyimbo ndi mabuku, ndipo bungwe la COSOMA, limene lidayamba ntchito m'chaka cha 1992, lidakhazikitsidwira zimenezi. Wachinyamata amene asaina pepala lampikisano asadaliŵerenge angathe kupereka zithunzi zake zonse kwa okonza mpikisanowo posinthana ndi kuonekera pakanema kwa mphindi zochepa. Mpikisano wachilungamo uyenera kunena poyera kuti chithunzi chikhalabe cha amene adachijambula.

Chigamulo chake tsono n'chotere. Mipikisano ya ojambula ya pawailesi yakanema ndi yabwino podzutsa chilakolako ndi pophunzitsa oonera kuyang'ana chithunzi mwanzeru, ndipo pa zimenezi iyenera kuyamikiridwa. Mwa iŵiri imene yakambidwa pano, wa BBC uli pafupi ndi sukulu kuposa wa Sky Arts, ngakhale wa Sky Arts udali ndi mphotho yaikulu ndi maulendo ambiri. Koma yonse iŵiri imafupikitsa chinthu chimene sichifupikitsika, ndiko kukhala ndi anthu mpaka kuwadziŵa. Madzi adzabweranso ku Nyachikadza, ndipo ojambula ochokera kutali adzabwera nawo, monga kuyenera. Madziwo akadzaphwa ndipo alendo akadzapita, padzafunika wina wotsala amene adzajambule mbeu zikumera m'matope, ana akubwerera kusukulu pabwato, ndi akuluakulu akukambirana ngati nthaŵi yosamuka yakwana kapena ayi. Mpikisano umene ungasule munthu ameneyo udzakhala utagwira ntchito yake.